Kulangiza za mbiri ya nkhondo za akasinja: ndi ntchito yodyerapo kapena ndi ulemu chabe?

Gologolo_265:
Akuluakulu a pagulu pano ndithandizeni. Kumapeto kwa mafilimu a nkhondo ndi m'magemu a akasinja mumalembedwa dzina la munthu amene amati ndi mlangizi wa mbiri ya nkhondo. Kodi imeneyi ndi ntchito yoti munthu n'kumadyerapo, kapena amangolemekeza nayo msilikali wopuma? Akadzuka m'mawa amachita chiyani kwenikweni? Nanga wofuna kulowa amayambira ku yunivesite kapena ku usilikali?

Sipanala17:
Ntchito ilipo achimwene, koma ambiri alibe mpando umodzi wa malipiro a pamwezi. Amaphatikiza maganyu. Olemba ntchito ndi mamyuziyamu a zankhondo, makampani a magemu, opanga mafilimu, osindikiza mabuku, makampani oumba tiakasinja tapulasitiki ta sikelo ya 1/35, sukulu za asilikali, ndi anthu andalama amene amagula kasinja wakale n'kufuna kuti ayendenso. Makomo olowera nawonso ndi osiyana. David Fletcher anakhala pa myuziyamu ya akasinja ya ku Bovington ku England zaka pafupifupi 30. Nicholas Moran anatsogolerapo akasinja a America a Abrams ku Iraq asanalowe kampani ya Wargaming, eni ake a gemu ya World of Tanks. Steven Zaloga anaphunzira mbiri ku yunivesite, ndipo pambali polemba mabuku ankagwira ntchito younika msika wa zida. Hilary Doyle anatchuka ndi kuyeza akasinja a ku Germany ndi kuwajambula molondola.

Tsabola:
Munthu woti sanakwerepo kasinja angalangize chiyani? Imeneyi ndi ya asilikali basi.

Mai_Zikalata:
A Tsabola, msilikali ali nazo zimene wa mabuku alibe, sindikukana. Amadziwa kuti chitseko cha pamwamba chikatsekedwa woyendetsa amaona kadziko kakang'ono kwambiri, kuti matcheni amafuna kukungidwa tsiku lililonse, kuti anthu anayi osagona masiku awiri amalakwitsa zinthu zosavuta. Koma kukwera Abrams sikukuuza zimene zinachitika mu 1943. Ngakhale amene analipo amalakwa. Asilikali a Britain ndi America ankangoti Tiger, dzina la kasinja wolemera wa Germany, kwa kasinja aliyense wa mdani amene wawawopsa. Chonsecho Tiger I anapangidwa pafupifupi 1,350 okha, pamene Panzer IV, kasinja wina wa Germany, anapitirira 8,000. Panzer IV akamumatira zitsulo zopyapyala m'mbali ndi kuzungulira mutu wake amaoneka wa makona ngati Tiger, makamaka uli patali, utsi uli tolo, mtima ukugunda. Ntchito ya mlangizi ndi kufunsa kuti: tsiku limenelo, pamalo amenewo, kodi gulu lokhala ndi ma Tiger linalipo? Yankho lili m'zikalata za mbali inayo, osati m'chikumbukiro cha wowomberedwayo.

Tsabola:
Ndiye kuti agogo onsewo ankanama?

Mai_Zikalata:
Kulakwa si kunama bambo.

Kadzidzi:
Chitsanzo chabwino ndi Tiger 131 wa ku Bovington, Tiger I yekhayo padziko lonse amene akuyendabe. Nambalayo imatanthauza kampani yoyamba, pulatuni yachitatu, kasinja woyamba, wa batalioni ya akasinja olemera ya 504. Kwa zaka zambiri myuziyamu inkaphunzitsa kuti anagwidwa ndi a Britain pa 21 April 1943 ku Djebel Djaffa ku Tunisia, atamenyana ndi akasinja a Churchill a 48th Royal Tank Regiment. Zaka zoposa 70 zitadutsa, mwana wa msilikali wina wa gulu la Britain la Sherwood Foresters anaona kuti nkhani ya bambo ake ikufanana ndi ya kasinjayu. Anafananitsa zolemba za magulu, mapu, ndi mapiri ooneka kumbuyo pa zithunzi. Zinapezeka kuti anagwidwa pa 24 April pa phiri la Point 174, malo ena ndithu. Myuziyamu inavomereza n'kusintha nkhani. Kasinja wotchuka kuposa onse, akatswiri akumuzungulira tsiku ndi tsiku, koma tsiku ndi malo zinali zolakwika. Ndiye taganizani za nkhondo zimene palibe amazilabadira.

Gologolo_265:
Mai_Zikalata, zikalata mukunenazi zimapezeka kuti, ndipo munthu amazigwiritsa ntchito motani?

Mai_Zikalata:
Za Britain zili ku National Archives ku Kew, mu London. Gulu lililonse linkalemba buku la tsiku ndi tsiku. Za kumpoto chakumadzulo kwa Ulaya zili mu WO 171, za Middle East mu WO 169, za Italy mu WO 170, ndipo malipoti a asayansi ofufuza zotsatira za nkhondo ali mu WO 291. Khadi lowerengera ndi laulere ndipo amalola kujambula ndi kamera yako. Za Germany zili ku Bundesarchiv ku Freiburg, koma zambiri zinajambulidwa pa microfilm ndi a America ndipo zili ku College Park, Maryland: T-313 ndi magulu akuluakulu a akasinja, T-314 ma corps, T-315 ma division. Za Soviet Union zili ku Podolsk, ndipo zochuluka zinaikidwa pa intaneti pa webusayiti ya Pamyat Naroda.

Kagwiridwe kake ndi aka. Funso lichepe kaye. Osati "nkhondo ya Kursk inayenda bwanji" koma "batalioni yakuti inali ndi akasinja angati oyenda usiku wa tsiku lakuti, ndipo mawa lake usiku anatsala angati". Kenako peza buku la batalioniyo, la gulu la pamwamba pake, ndi la okonza akasinja. La okonza ndiye lodalirika kwambiri, chifukwa makaniko alibe mendulo yoti apate pokokomeza. Ukatero pita ku mbali ya mdani, tsiku lomwelo, malo omwewo. Pomaliza lemba zonse pa tebulo limodzi, ola ndi ola.

Pali misampha iwiri imene imagwetsa ongoyamba. Woyamba ndi wotchi. Mu July 1943 a Germany ankalemba nthawi ya ku Berlin, a Soviet ya ku Moscow, kusiyana ola limodzi. Ukapanda kukonza zimenezo umapeza kasinja ataphulika asanawomberedwe. Wachiwiri ndi mapu: mbali iliyonse inali ndi manambala ake a malo, ndipo mudzi umodzi umalembedwa mosiyanasiyana.

Chitsulo88:
Onjezani wachitatu, umene ndi waukulu kuposa awiriwo: kuwerenga akasinja otayika. Wowombera amanena kuti wapha, koma sadziwa ngati kasinjayo anakokedwa usiku n'kukonzedwa. Anthu atatu amatha kuwombera kasinja mmodzi, aliyense n'kumulemba ngati wake. Ku Mortain, ku France, mu August 1944 oyendetsa ndege a Britain ndi America ananena kuti awononga akasinja oposa 200. Gulu la asayansi la No. 2 Operational Research Section litayenda pamalopo linapeza akasinja ndi mizinga yoyenda yokha 46, ndipo 9 okha ndi amene anaphedwa ndi zida za ndege. Ambiri anawomberedwa kuchokera pansi kapena anangosiyidwa ndi eni ake. Lamulo lake: zotayika uzitenga m'buku la mwini kasinja, osati la wowombera.

Mlonda_wa_Mbiri:
Lamulolo ndi labwino koma musalikhulupirire mpaka kutseka maso. Taonani Prokhorovka, gawo la nkhondo ya Kursk ku Russia, 12 July 1943. Kwa zaka zambiri kunkanenedwa kuti a Germany anataya akasinja mazanamazana. Ofufuza ngati Karl-Heinz Frieser, Valeriy Zamulin ndi Ben Wheatley, amene anagwiritsa ntchito zithunzi zojambulidwa ndi ndege za nkhondo za Germany (Luftwaffe), anaonetsa kuti gulu la Soviet la mkulu wa asilikali Rotmistrov ndi limene linapwetekeka: linataya akasinja oposa 200 osabwereranso m'masiku amenewo, ena atathamangira mu dzenje lotchingira akasinja lokumbidwa ndi anzawo omwe. Otayikiratu a gulu la Germany la II SS Panzer Corps, malinga ndi zikalata zawo, sanafike 20. Mpaka apa tikugwirizana. Koma a Germany ankachedwa kufufuta kasinja m'buku. Wowonongeka kwambiri ankalembedwa kuti ali kokonzedwa kwa nthawi yaitali, ndipo ena anadzasiyidwa patapita masabata pothawa. Ndiye mlangizi wanzeru saonetsa otayikiratu okha. Amaonetsanso oyenda m'mawa uliwonse. Kasinja amene ali ku galaja sakumenya nkhondo, kaya buku likuti wafa kapena ayi.

Chitsulo88:
Pamenepo mwalasa akulu. Ndipo amene watsala ndi bwalo madzulo ndi amene amakoka ake n'kuphulitsa a mnzake. Manambala amatsatira zimenezo.

NyamaZaNkhondo:
Zonsezi n'zabwino koma zoona zake n'zakuti pankafunika ma Sherman, akasinja a America aja, asanu kuti aphe Tiger mmodzi. Ndipo Sherman ankayaka chifukwa cha petulo.

Sipanala17:
Aaa, yabwera ija. Pulatuni ya akasinja ya America inali ndi akasinja asanu. Ankatumiza asanu kaya kutsogolo kuli Tiger, kaya kuli mfuti imodzi m'khola la ng'ombe. Za petulo nazonso ayi: Tiger, Panther ndi Panzer IV onse ankayendera petulo, injini za Maybach. Chimene chinkayatsa Sherman ndi zipolopolo zosungidwa m'mbali pamwamba pa matcheni, pamene pankalasidwa kawirikawiri. Kuyambira 1944 anazitsitsira pansi m'mabokosi ozunguliridwa ndi madzi, moto unachepa kwambiri. Komanso "Sherman" si kasinja mmodzi. Anapangidwa oposa 49,000. M4 ndi M4A1 anali ndi injini ya ndege ya Continental, M4A2 dizilo, M4A3 Ford V8, M4A4 injini zisanu za Chrysler zolumikizidwa, masilinda 30. Mzinga 75 mm, 76 mm, 105 mm, kapena 17-pounder ya a Britain pa Sherman wotchedwa Firefly.

NyamaZaNkhondo:
Komabe Tiger anali bwana.

Tsabola:
Bwana wa matani 57 woti pokwera sitima amayenera kuvula nsapato.

Gologolo_265:
Nsapato zitinso? Komanso tabwererani ku funso langa chonde, tisasanduke gulu la Tiger ndi Sherman.

Chitsulo88:
A Tsabola akunena matcheni. Omenyera nkhondo anali 725 mm m'lifupi, ndiye kasinja sankakwana pa ngolo ya sitima. Ankamuvula n'kumuveka a 520 mm, akafika n'kubwezeretsa. Ndipo zimenezi zikutibwezera ku funso lanu, chifukwa theka lina la ntchitoyi ndi chitsulo chenicheni, osati pepala.

Kampani ya gemu kapena ya tiakasinja tapulasitiki ikafuna kasinja wolondola, mlangizi amapita ku Bovington, Saumur ku France, Munster ku Germany kapena Kubinka ku Russia ndi tepi, kalipa, choyezera kupendekeka kwa chitsulo, ndi kachipangizo koyeza kuchindikala ndi mafunde a ultrasound. Kameneka kamafuna mafuta ake apadera ndi malo osalala. Penti yochindikala kapena dzimbiri zimanamiza, ndipo chitsulo choumba chimasiyana kuchindikala malo ndi malo, ndiye umayeza malo angapo. Kenako zithunzi mazana kuzungulira kasinja, chilichonse chikulowerera pa chinzake, kuti kompyuta imange chithunzi cha 3D. Osaiwala kuika ndodo ya muyezo wodziwika m'zithunzimo, apo ayi sikelo yonse yathawa.

Masamu ake ndi ochepa koma osathawika. Kutsogolo kwa T-34 wa Soviet ndi chitsulo cha 45 mm chopendekeka madigiri 60, ndiye chipolopolo chobwera molunjika chimadutsa 90 mm. Panther wa Germany ndi 80 mm pa madigiri 55, pafupifupi 140 mm. Cholakwika chofala ndi kusafunsa ngati madigiriwo awerengedwa kuchokera choimirira kapena chogona. Mayiko ankalemba mosiyana. Ngakhale matebulo a mphamvu ya mizinga sungawaike pamodzi chisawawa, chifukwa dziko lililonse linali ndi tanthauzo lake la kuboola ndi mtundu wake wa chitsulo choyesera.

Chenjezo lina: kasinja wa mu myuziyamu si umboni wathunthu. Ambiri ndi ophatikiza. Tiger 131 yemweyo anabadwa ndi injini ya HL210 koma lero ali ndi HL230. Ukajambula chipinda chake cha injini n'kunena kuti umu ndi mmene zinalili mu 1943, walakwa. Yang'ana nambala ya chassis, upeze mwezi umene anatuluka m'fakitale, ufananitse ndi mndandanda wa zosintha za fakitaleyo. Ndipo m'katimo muli asbestos, penti ya mtovu, ndi mawotchi opakidwa radium. Magolovesi ndi chophimba kumphuno si manyado.

Kadzidzi:
Za mafilimu ndiye muzidziwiratu kuti mlangizi amalangiza, salamula. Ntchito imayamba ndi kuwerenga sikiriputi n'kulemba zolakwika m'magulu: zimene zikuphwanya mbiri, zimene odziwa okha angaone, ndi zimene zingasiyidwe. Ukabweretsa madandaulo 200 olemera mofanana, dayirekitala amasiya kukumvera tsiku lachiwiri. Sankha zoti ufere.

Kenako ndi a zovala, a penti ndi a magalimoto. Apa madeti ndi amene amagwira ntchito. Akasinja a Germany anali otuwa chakuda, RAL 7021, mpaka February 1943 pamene analamula chikasu choderako, RAL 7028. Phala la Zimmerit, lija la mizeremizere, linkapakidwa m'fakitale kuyambira chakumapeto kwa 1943 mpaka September 1944. Ukaliika pa kasinja wa ku Stalingrad, anthu a pagulu ngati lino sakugonetsa.

Vuto lalikulu ndi kusowa kwa akasinja enieni. Mu filimu ya Saving Private Ryan ma Tiger aja ndi ma T-34 ovekedwa. Umawazindikira ndi mawilo: Tiger ali ndi mawilo olowana ndipo gudumu la mano lokoka tcheni lili kutsogolo, la T-34 lili kumbuyo. Mu Fury ya 2014 anabwereka Tiger 131 weniweni, koma ndi wa mtundu woyambirira wa 1943 mu nkhani ya April 1945, ndipo Sherman wa nkhaniyo ndi M4A2 wa dizilo akusewera ngati M4A3. Alangizi ankadziwa zonsezi. Panalibe china choti n'kubwereka. Chinanso chimene mlangizi amagonja nthawi zonse ndi mtunda. Akasinja ankawomberana pa mamita mazana angapo, atatalikirana okhaokha, koma kamera imafuna onse alowe mu chithunzi chimodzi.

Tsabola:
Ndiye amalipidwa kuti asamveredwe. Ntchito yabwino.

Kadzidzi:
Amamveredwa pa zimene sizidya ndalama: mawu a pa wailesi, dongosolo la kulamula kuwombera, mmene wolonga zipolopolo amaimira kuti mzinga ukabwerera m'mbuyo usamuthyole mkono. Zimenezo ndi zimene zimachititsa kuti osewera aoneke ngati akhalamo chaka.

Sipanala17:
Ku magemu nkhondo yake ndi ina. Opanga gemu amafuna kuti mbali zonse zizitha kupambana, mbiri siifuna zimenezo. Mlangizi amapereka manambala ndi gwero lake, iwo amasintha liwiro lolongera kapena mphamvu ya injini kuti gemu ikome. Ndipo pali ngozi ya malamulo. Mu July 2021 wosewera wina wa gemu ya War Thunder anaika pa intaneti masamba a buku lachinsinsi la Challenger 2, kasinja wamakono wa Britain, pofuna kupambana mkangano. Zoterezi zabwerezedwa kangapo ndi zida zina. Wogwira ntchito ya akasinja amakono ayenera kudziwa kuti chikalata chopezeka pa intaneti sikuti chamasulidwa. Ngati palibe umboni woti boma lake linachimasula, osachikhudza, osachitumiza kwa kasitomala.

WaKuJoni:
Nonse mukungokamba za Ulaya ngati kuno ku Africa kunalibe akasinja. Pa 3 October 1987 pa mtsinje wa Lomba ku Angola, 61 Mechanised Battalion Group ya South Africa inaphwanya 47 Brigade ya FAPLA, asilikali a boma la Angola, ma Ratel-90 a South Africa akumenyana ndi akasinja a T-54 ndi T-55. Ratel si kasinja, ndi galimoto ya mateyala ya chitsulo chopyapyala, ndipo mzinga wake wa 90 mm unkafuna kulasa kangapo. M'tchire lowirira lija ankaonana ali pafupi kwambiri, zosiyana ndi za m'mabuku a ku Ulaya. Pa 23 March 1988 ma Olifant atatu a South Africa, amene ndi akasinja a Britain a Centurion okonzedwanso, anasiyidwa m'mabomba okwirira ku Tumpo pafupi ndi Cuito Cuanavale. Mpaka lero mbali ziwirizi zimasemphana Chichewa pa za amene anapambana. Olemba za nkhondo ya Normandy ku France ndi ambirimbiri, koma wodziwa Chipwitikizi, Afrikaans ndi Chisipanishi woti n'kuika zolemba za mbali zonse pa tebulo limodzi ndi wosowa. Amene muli kuno ku Joni, myuziyamu ya Ditsong ku Saxonwold mu Johannesburg ndi ya akasinja ku Tempe, Bloemfontein, ndi poyambira pabwino.

Mlonda_wa_Mbiri:
Mfundo yabwino, koma msika wake ndi wochepa. Amagemu ndi amafilimu amalipira za 1939 mpaka 1945. Za Angola wogula wake ndi osindikiza mabuku ndi sukulu za asilikali. Kumeneko ntchito yake ndi ulendo wophunzira pa bwalo la nkhondo, umene uli ndi magawo atatu: kuwerenga musananyamuke, kuyenda pamalopo, ndi kukhala pansi kumanga zimene mwaphunzira. Mlangizi amasankha malo oimapo, pamalo aliwonse mapu ndi funso limodzi: muli ndi akasinja akuti, mafuta a maola akuti, mukudziwa izi zokha, mutani? Cholakwika chofala ndi kuwauza ophunzira zimene mtsogoleri wa nthawiyo sankadziwa. Akatero aliyense amakhala wanzeru ndipo palibe waphunzira kanthu.

Gologolo_265:
Zikomo nonse. Ndiye wopanda ndalama zopitira ku Kew kapena Freiburg ayambe bwanji?

Mai_Zikalata:
Ayambe ndi chilankhulo. Chingerezi chokha chimakupatsa mbali imodzi ya nkhondo. Chijeremani kapena Chirasha chowerengera zikalata za usilikali si chovuta ngati cha m'manovelo, mawu ake amabwerezabwereza, chovuta ndi zidule. Pamyat Naroda ndi yaulere, ndipo zikalata za Germany zimene a Soviet analanda, za Fond 500 ku Podolsk, zinaikidwanso pa intaneti. Asankhe gulu limodzi ndi sabata imodzi, alembe masamba khumi okhala ndi gwero pa mfundo iliyonse, atumize ku magazini ya mbiri ya nkhondo kapena ya oumba tiakasinja. Olemba ntchito amafunsa zimene unatulutsa. Digiri imafunika ukafuna myuziyamu kapena kuphunzitsa: War Studies ku King's College London, mbiri ya nkhondo ku Wolverhampton, kapena Military Science ya Stellenbosch ku Saldanha.

Tsabola:
Ndipo atsegule YouTube. Masiku ano ndiye CV.

Mai_Zikalata:
Atsegule akakhala ndi choti anene chimene sanachitenge pa YouTube ya mnzake.

Sipanala17:
Ganyu yoyamba ikabwera, izi zilembedwe mu kontirakiti asanayambe. Malipiro ndi a pa tsiku kapena a ntchito yonse, ndipo akabweza kuti ukonze ndi kangati kwaulere. Ulendo, malo ogona ndi chindapusa cha myuziyamu akulipira ndani, chifukwa kuyeza ndi kujambula kasinja pa ntchito yamalonda kumafuna chilolezo ndipo nthawi zambiri n'kolipira. Zithunzi ndi miyezo imene watenga ndi ya ndani ntchito ikatha. Ukapanda kulemba, imakhala ya kampani ndipo sungaigwiritsenso ntchito m'buku lako. Zithunzi za ku Imperial War Museum kapena Bundesarchiv zili ndi eni, chilolezo chake agule kasitomala. Komanso ufulu wochotsa dzina lako ngati asintha zinthu mpaka kufika pochititsa manyazi.

Lipoti lililonse ligawe mfundo patatu: zotsimikizika ndi chikalata kapena chithunzi, zothekera, ndi zongoganizira. Kasitomala amafuna yankho limodzi, mupatse, koma ulembe kuti lili m'gulu liti.

Kadzidzi:
Za kuchotsa dzina zija makampani akuluakulu a mafilimu savomera kawirikawiri, makamaka kwa wongoyamba. Chimene ungapeze ndi kusunga kope la malangizo ako onse olembedwa, ndi tsiku lake.

NyamaZaNkhondo:
Nanga Panther ndi T-34-85, bwana ndani?

Chitsulo88:
Chaka chiti, mtunda wanji, ndipo Panther wake wayenda makilomita angati pa ma final drive omwewo, magiya omaliza otembenuza matcheni aja? Tsegulani mutu wina achimwene, tikakupezani komweko.